Ndalama yabodza imene inali yeniyeni: yankho kwa mayi wa ku Lunzu

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mayi wina wa ku Lunzu amene ali ndi kakiosiki kotumizira ndi kulandirira ndalama za pafoni. Akuti tsiku lina kuli chisisira kunabwera mnyamata ndi ma K5,000 anayi kuti amuikire mufoni. M'mawa mwake atapita kokagula fuloti (ndalama za mufoni zimene ejenti amaikira makasitomala), awiri mwa mapepala aja anakanidwa, anali feki. K10,000 inapita choncho, thukuta la masiku angapo. Kumapeto kwa imeloyo anafunsa kuti: "Mwana wanga wa ku sekondale akuti kale ku Ulaya kunali munthu wina amene anapanga ndalama zabodza zoti ngakhale a banki analephera kuzizindikira. Kodi n'zoona? Ngati a banki enieniwo amadyetsedwa njomba, nanga ife a m'tizikiosiki tingapulumuke bwanji?"

Pepani kwambiri mayi. Ndalama yotayika m'njira imeneyi imapweteka kawiri, chifukwa munthu umatsala ukudziimba mlandu kuti bwanji sindinayang'anitsitse. Koma mwana wanu sananame. Munthuyo analipodi, dzina lake Artur Alves dos Reis, wa ku Portugal, ndipo zimenezi zinachitika mu 1925. Chimene mwanayo sanakuuzeni, mwina chifukwa nayenso sanachimve, n'chakuti a banki analephera kuzizindikira ndalamazo pa chifukwa chimodzi: sizinali zabodza. Pepala linali lenileni, inki yeniyeni, mapuleti osindikizira anali omwe aja a masiku onse, ndipo kampani imene inasindikiza ndi yomweyo imene inkasindikizira banki yaikulu ya dzikolo. Bodza linali m'kalata yolamula kuti zisindikizidwe.

Reis anabadwira ku Lisbon mu 1896. Bambo ake ankachita bizinesi yokonza zamaliro, ndipo bizinesiyo inagwa. Mnyamatayo sanamalize maphunziro a uinjiniya, koma mu 1916 popita ku Angola, dziko limene panthawiyo linali m'manja mwa Apwitikizi, ananyamula dipuloma yonena kuti anaphunzira ku Oxford, pasukulu ya uinjiniya imene kunalibeko n'komwe. Anailemba yekha. Chinthu chimodzi anachichita mwanzeru: anapita nayo kwa loya wotsimikizira zikalata kuti aidinde. Pepala lodinda lija linamupezetsa ntchito m'boma, mpaka kumayang'anira za njanji. Phunziro limene anatola pamenepo sanaliiwale moyo wake wonse, loti anthu ambiri sawerenga chikalata, amangoyang'ana chidindo.

Atabwerera ku Portugal anagula kampani ya njanji yotchedwa Ambaca ndi macheke opanda ndalama kuakaunti, kenako n'kutenga ndalama za kampani yomweyo kukwirira dzenje lija. Zinaululika, ndipo mu July 1924 anamutsekera ku Porto. Anakhalamo masiku 54. Ena akalowa m'chitokosi amalapa, koma iye anakhala akuwerenga malamulo ndi malipoti a Banco de Portugal, banki yaikulu ya dzikolo. Anapeza zinthu ziwiri. Choyamba, bankiyo inali ndi chizolowezi chosindikiza ndalama mwakachetechete pofuna kuthandiza boma limene linali m'ngongole zosatha, choncho nkhani ya chinsinsi sikanadabwitsa aliyense. Chachiwiri, panalibe dongosolo lolondola ngati nambala imodzi yapezeka pa ndalama ziwiri.

Apa ndiye ndikupempheni muwerenge modekha, chifukwa mtima wa nkhani yonse uli pa zimene anachita atatuluka. Analemba mgwirizano wonena kuti gulu la anthu achuma akunja libwereketsa dziko la Angola mapaundi 1 miliyoni, ndipo m'malo mwake Banco de Portugal yalola gululo kusindikizitsa ndalama zokwana mtengo womwewo. Anasainapo dzina lake n'kupita kwa wotsimikizira zikalata. Ameneyo ntchito yake inali kungovomereza kuti siginecha ndi ya Reis, zimene zinali zoona, ndiye anadinda. Kuchoka apo anayenda m'maofesi a akazembe a Britain, France ndi Germany. Akazembewo sankafunsidwa ngati mgwirizanowo ndi woona, ankangofunsidwa ngati siginecha ya wotsimikizira zikalata uja ndi yeniyeni. Inalidi yeniyeni, ndiye nawonso anadinda. Chidindo chilichonse chinkachitira umboni chidindo chinzake, ndipo panalibe ngakhale chimodzi chochitira umboni mawu olembedwa m'katimo. Komabe munthu woona pepalalo litadzaza zizindikiro za mayiko atatu akuluakulu ankangoti zonsezi zafufuzidwa kale.

Kunatsala masiginecha a akuluakulu a banki. Tengani K5,000 yeniyeni m'kabati mwanu, mayi, muiyang'ane kumaso kwake. Muona kuti gavanala wa banki yaikulu anasainapo. Siginecha imeneyo ili m'thumba la aliyense, wogulitsa mandasi ndi woyendetsa kabaza yemwe. Ku Portugal zinalinso chimodzimodzi. Reis anakhala patebulo ndi ndalama ya pepala, n'kukopera mosamala siginecha ya gavanala Inocêncio Camacho Rodrigues ndi ya mnzake wina wa m'bodi ya bankiyo, n'kuziika pa mgwirizano wake. Nthawi iliyonse ndikaganiza za chithunzi chimenechi thupi limachita tsemwe: munthu mmodzi, nyali, cholembera, ndi chuma cha dziko lonse chili pansi pa dzanja lake.

Sanali yekha. Panali José Bandeira, amene mkulu wake António anali kazembe wa Portugal ku The Hague, m'dziko la Netherlands, zomwe zinkatsegula zitseko zambiri. Panali Karel Marang, wamalonda wa ku Netherlands wodziwa kuvala ndi kuyankhula ngati munthu wolemekezeka. Panalinso Adolf Hennies wa ku Germany, wodziwa za kusintha ndalama zakunja. Onsewa Reis anawauza kuti akuluakulu ena a banki ali nawo limodzi, ndipo nthawi ndi nthawi ankawatolera ndalama zoti akuti akapereke ziphuphu kwa mabwanawo. Mabwana amenewo sankadziwa kanthu kalikonse.

Marang anayamba wapita kukampani yosindikiza ndalama ya Enschedé ku Haarlem. Iwo ataona ndalama ya chitsanzo anati ntchito imeneyi si yathu, mwini mapuleti ndi Waterlow and Sons ya ku London. Pa 4 December 1924 Marang anakhala pansi ndi Sir William Waterlow, mkulu wa kampaniyo. Anamufotokozera kuti nkhaniyi ndi yachinsinsi chachikulu, akuidziwa ndi gavanala ndi anthu owerengeka, ndipo ikatuluka kudzakhala phokoso pandale. Anawonjezera kuti manambala a ndalamazo akhoza kufanana ndi a ndalama zimene zili kale m'manja mwa anthu, chifukwa zikafika ku Lisbon zidzadindidwa mawu akuti Angola n'kutumizidwa ku Africa.

Sir William sanali chitsiru. Anati sindingagwiritse ntchito mapuleti a banki popanda chilolezo cha gavanala, ndipo analemba kalata yopempha chilolezocho. Koma kalatayo anaipereka kwa Marang yemweyo kuti ndiye akaifikitse. Apa ndi pamene fisi anapatsidwa ubusa wa mbuzi. Kalatayo inakathera kwa Reis, ndipo Reis anayankha yekha m'dzina la gavanala, papepala limene anadindapo chizindikiro cha banki chopanga yekha. Kalata ina imene Sir William anatumiza papositi kwa gavanala sinafike. Chimene chimandiwawa kwambiri ndi cha Henry Romer, woimira kampani ya Waterlow ku Lisbon. Bamboyu anachenjeza bwana wake kuti Banco de Portugal sisindikiza ndalama za m'mayiko olamulidwa ndi Apwitikizi, ntchito imeneyo ndi ya Banco Nacional Ultramarino, banki yomwenso inkatulutsa ndalama zimene abale athu a ku Tete ndi Angónia ankagwiritsa ntchito. Romer ankanena zoona zokhazokha. Anauzidwa kuti nkhaniyi sakuimvetsa, aisiye. Wamisala anaona nkhondo, koma uyu sanali n'komwe wamisala, anali wantchito wodziwa ntchito yake amene mawu ake anapepuka chifukwa anali wamng'ono paudindo.

Mu February 1925 ndalama zinayamba kutuluka. Gawo loyamba linali mapepala 200,000 a ma escudo (ndalama ya Portugal panthawiyo) 500 lililonse, okhala ndi nkhope ya Vasco da Gama. Pamodzi anali ma escudo 100 miliyoni, pafupifupi mapaundi 1 miliyoni a nthawi imeneyo, ndipo akatswiri amati zinatsala pang'ono kukwana gawo limodzi mwa magawo 100 a chuma chonse chimene Portugal inkapanga pachaka. Ankazinyamula m'masutikesi kudzera ku Netherlands mpaka ku Lisbon, mothandizidwa ndi zikalata za ukazembe zimene zinkachititsa kuti a pachipata asatsegule katundu. Pambuyo pake anaitanitsa mapepala ena 380,000.

Kukhala ndi ndalama zotere n'kwina, kuzidya n'kwina. Poyamba Reis ankatuma anthu kuti azikagula mapaundi ndi madola kwa osintha ndalama, makamaka ku Porto. Mapepala atsopano a 500 atachuluka m'misika, mphekesera inabuka yoti kwadzaza ndalama zabodza. A banki yaikulu anatenga mapepalawo, kuwayeza, kuwaunika ndi magalasi, ndipo analengeza kuti anthu asade nkhawa, ndalamazo ndi zabwinobwino. Sananame. Apa ndi pamene nkhani ya mwana wanu yachokera.

Kenako Reis anatsegula banki yakeyake, Banco Angola e Metrópole, pakati pa chaka cha 1925. Inkabwereketsa ndalama pa chiwongoladzanja chotsika, inkagula minda, nyumba ndi makampani, ndipo ku Angola anthu anayamba kumuona ngati mpulumutsi wa dzikolo. Cholinga chake chenicheni chinali chachikulu kuposa pamenepo. Banco de Portugal inali ndi masheya amene anthu wamba ankatha kugula, ndipo ndi bankiyo imene inali ndi mphamvu yotengera kukhothi opanga ndalama zabodza. Reis anayamba kugula masheyawo mwakabisira. Akanafika pokhala ndi mawu aakulu m'bankimo, akanalowetsa ndalama zake m'mabuku n'kuzisandutsa zovomerezeka, ndipo wodandaula sakanapezekanso. Wakuba ankafuna kugula nyumba imene anathyola, ndi ndalama zomwe anaba m'nyumba momwemo.

Amene anayamba kununkhiza anali atolankhani a nyuzipepala ya O Século. Funso lawo linali losavuta: banki yatsopanoyi ilibe anthu ambiri osungitsako ndalama, nanga zimene ikubwereketsazi ikuzitenga kuti? Iwo ankaganiza kuti kumbuyo kwake kuli Ajeremani ofuna kulanda Angola. Anaphonya chifukwa, koma analoza malo oyenera. Kumayambiriro kwa December 1925, wogwira ntchito kwa wosintha ndalama wina ku Porto anakanena kunthambi ya banki yaikulu zimene ankaona. Ofufuza anapita, anatsegula mosungira ndalama mwa banki ya Reis, n'kupeza mitolo ya mapepala a Vasco da Gama. Katswiri anawayeza n'kunena kuti ndi enieni. Manyazi anali pafupi kuwagwira, chifukwa anali atamanga kale anthu. Ndiye anachita ntchito yotopetsa imene palibe anali ataichitapo: kukhala pansi n'kuyamba kusanja mapepala aja potsata manambala, limodzilimodzi, kuyerekeza ndi amene anali m'banki yaikulu. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Anapeza mapepala awiri okhala ndi nambala imodzi, kenako ena, kenako enanso. Tsiku la fote linali litakwana.

Reis anali panyanja, akuchokera ku Angola pa sitima ya Adolph Woermann. Anachenjezedwa sitimayo isanakocheze, ndipo Hennies anathawa, koma iye anasankha kutsika. Anamumanga pa 6 December 1925. Banki yaikulu inalengeza kuti aliyense amene ali ndi pepala la 500 la Vasco da Gama abwere nalo asinthe, ndipo popeza inalibe njira yachangu yosiyanitsira ake ndi a Reis, inalandira onse. Mwa mapepala a Reis, bankiyo inasintha oposa 200,000.

Mlandu wake unatenga zaka pafupifupi zisanu usanazengedwe, ndipo chochedwetsa chinali iye mwini. Ali m'ndende momwemo anapitiriza kupanga makalata ndi malisiti abodza osonyeza kuti gavanala ndi anzake analandira ziphuphu. Anawalemba mwaluso moti ofufuza oyamba anakhulupirira, ndipo gavanala, munthu wosalakwa, anagwidwa kwa kanthawi. Taganizani za banja la bambo ameneyo, dzina lawo likukokedwa m'matope chifukwa cha siginecha imene anaisaina pa ndalama ya dziko. Pomaliza Reis anavomera kuti zonse anakonza yekha, ndipo mu 1930 anagamulidwa zaka 20. Marang anazengedwa ku The Hague n'kupatsidwa miyezi 11 yokha.

Dziko silinadikire chigamulocho. Anthu anali atatopa kale ndi maboma osinthasintha ndi kukwera mitengo kwa zinthu, ndipo nkhani ya Reis inawonjezera kukayikira atsogoleri onse. Pa 28 May 1926, patangotha miyezi isanu ndi masabata ochepa, asilikali analanda boma. Mu 1928 António Salazar anakhala nduna ya zachuma, mu 1932 nduna yaikulu, ndipo ulamuliro wankhanza umene anaukhazikitsa unafika mpaka 1974. Sindikunena kuti Reis ndiye anabweretsa Salazar, zifukwa zinali zambiri. Koma ulamuliro umenewo ndi womwe unalimbitsa ntchito yokakamiza ndi ulimi wa thonje wokakamiza ku Mozambique, zimene zinathawitsira mabanja ambiri kuno kwathu. Masutikesi aja ananyamulidwa kutali, koma fumbi lake linafika ndi kuno.

Mlandu umene ophunzira zamalamulo amaukumbukira kwambiri ndi wachiwiri, wa ku London, pamene Banco de Portugal inasumira Waterlow and Sons. Zoti kampaniyo inalakwa sizinavute kugamula. Mkangano unali pa funso limene limaoneka lachibwana mpaka utaliganizira: banki yaikulu ikapereka ndalama zake zatsopano posinthanitsa ndi zoipa, yataya zingati? Maloya a Waterlow anati yataya mtengo wa pepala ndi inki basi, mapaundi 8,922, chifukwa banki imeneyi imatha kungosindikizitsa ndalama zina, ndipo panthawiyo escudo sinkasinthidwa ndi golide. Maloya a banki anati ayi, pepala lililonse limene tatulutsa lili ndi mphamvu yogula chimanga, nsalu kapena mapaundi, ndipo ife talitulutsa osalandirapo kanthu. Khothi loyamba linapatsa banki mapaundi 569,421. Khothi la apilo linatsitsa kufika pa 300,000. Mu April 1932 khothi lalikulu kwambiri la House of Lords, oweruza atatu kutsutsana ndi awiri, linagamula kuti Waterlow ilipire mapaundi 610,392. Ine ndili kumbali ya atatuwo. Ndalama yowonjezera ikalowa mumsika popanda katundu wowonjezera, wina amalipira ndithu, ndipo amene amalipira ndi mayi wa ndiwo zamasamba amene ndalama yake ya dzulo lero ikugula zochepa. Kunena kuti panatayika pepala lokha n'kuiwala munthu ameneyo.

Sir William anachotsedwa paudindo wake m'kampanimo, komabe anakhala meya (Lord Mayor) wa London mu 1929, ndipo anamwalira mu 1931 chigamulo chomaliza chisanatuluke. Kampani yake sinabwererenso mwakale, ndipo mu 1961 ntchito yake yosindikiza ndalama inagulidwa ndi kampani ya De La Rue. Hennies anafera ku Germany ali wosauka. Reis anatembenuka mtima ali m'ndende n'kukhala mlaliki, anatuluka mu 1945, ndipo anamwalira ndi matenda a mtima mu 1955 alibe kanthu.

Powerenga zonsezi mwina mwakumbukira kale za Cashgate ya 2013, ndipo simunalakwitse. Macheke amene anatulutsa mabiliyoni ku Capital Hill sanali ojambula pafotokope. Anali macheke enieni a boma, otuluka m'makompyuta enieni a IFMIS, njira yoyendetsera ndalama za boma, olipira makampani amene sanagwire ntchito iliyonse, kenako zolembedwazo n'kufufutidwa. Mabanki ankawalandira chifukwa pepala ndi siginecha zinali m'malo mwake. Oswald Lutepo anavomera mlandu wokhudza K4.2 biliyoni n'kugamulidwa zaka 11 mu 2015. Panthawi yomweyo m'zipatala munalibe mankhwala. Mbava yaikulu siivutika kutsanzira pepala, imalowa pamene pamaperekedwa chilolezo, ndipo chida chake ndi mawu omwe aja amene Marang anauza Sir William, akuti nkhaniyi ndi ya akuluakulu, musafunse wina aliyense.

Ndiye funso lanu lachiwiri lija, loti inu mungapulumuke bwanji. Mnyamata amene anakuberani si Reis, mayi, ndipo pamenepo mtima ukhale m'malo. Alibe mapuleti a banki, alibe pepala lake. Chimene ali nacho ndi makina osindikizira wamba ndi mdima wa madzulo, n'chifukwa chake anadikira chisisira ndipo anasakaniza awiri abodza ndi awiri enieni. Feki yotere imagwidwa ndi zala ndi kuwala. Pepala lenileni limakhakhala pang'ono pankhope ndi pamalemba akuluakulu, pamene la fotokope limaterera ngati la m'kope. Mukalikweza padzuwa kapena patochi ya foni muyenera kuona chithunzi chobisika m'kati mwa pepala ndi kaulusi kodutsa kuchokera pamwamba mpaka pansi. Kasitomala akamakufulumizitsani kuti minibasi ikundisiya, m'pamene muyenera kuchedwa dala. Woona mtima sakwiya ndi masekondi khumi. Koma kumene mungakumane ndi mdzukulu weniweni wa Reis ndi pafoni panupo: uthenga wooneka ngati wochokera kukampani wonena kuti ndalama zalowa, kapena munthu woyankhula mwaulemu amene akuti akuimba kuchokera kulikulu ndipo akufuna nambala yanu yachinsinsi. Musatsimikize nkhani kudzera kwa amene wabwera nayo, monga anachitira Sir William. Dulani foniyo, onani balansi nokha, imbani nokha nambala imene mumaidziwa kale.

Mapepala awiri aja, ngati anakubwezerani, chonde musayese kuwapatsira munthu wina, chifukwa kutero ndi mlandu, ndipo amene angawalandire ndi mnzanu wovutika ngati inu nomwe. Apititseni kupolisi. Koma musanapite nawo, muitaneni mwana wanu uja, muwayale patebulo moyandikana, muwerenge limodzi manambala ake. Opanga feki ambiri amajambula pepala limodzi kambirimbiri, ndiye n'kutheka kuti mupeza nambala imodzi pa onse awiri, ngati mmene anapezera anthu aja ku Porto mu December 1925. Mukapeza choncho mundilembere, ndipo nambalayo muiuze ma ejenti anzanu onse a pa Lunzu kuti aipachike pakhoma.